Dzina la Achimwene, Manja Anga

14 Okutobala, Lolemba

Chikwangwani chakwera pakhomo pa shopu. Kukula kwake ngati chitseko. Pamwamba chithunzi cha achimwene anga a Tatsuro, manja ali mumphika wa phula, nkhope ngati akupemphera. Pansi pake: "Mmisiri wa makandulo wa m'badwo wachisanu ndi chimodzi. Bwerani mudzaumbe kandulo yanu." M'zinenero zitatu.

Mphika umenewo unali wozizira tsiku lojambulalo. Ndinalipo.

Munthu wabwera mu Epulo mommuno. Zaka makumi atatu ali ku Osaka kugulitsa matayala a galimoto. Ine zaka makumi awiri ndi zisanu ndi ziwiri pamphika womwewu, zisanu ndi zinayi mwa izo ndekhandekha, chigwereni Ababa ndi sitiroko.

Ndafunsa kuti nanga dzina langa lili pati. Akuti: "Iwe Fumie, alendo amafuna bambo wa imvi. Nkhope yakoyo ngati wamwa mankhwala owawa, basi ya alendo ikhoza kubwerera pachipata." Alamu anga a Mieko aseka mpaka kutsamwa ndi tiyi.

Timakandulo makumi anayi lero, tokonzera alendo a mkuja. Msana.

16 Okutobala, Lachitatu

Basi yoyamba. Anthu khumi ndi asanu ndi atatu, a ku Australia ndi ku France, ndi mayi wa kampani ya maulendo womasulira.

Dongosolo lake: ine ndiumbe kandulo mpaka itsale pang'ono, mlendo apake phula lomaliza ndi dzanja, ajambulepo duwa, azipita akuti wapanga yekha. Phula pansi, phula pamalaya, phula m'tsitsi. Wina amafinya ngati akuchapa sokosi.

Achimwene avala jekete ya ntchito ya Ababa. Yawathina pamimba. Pakamwa ndiye ali napo. Kumangogudubuza timitengo ta makandulo omwe ndamaliza kale ine, uku akupukusa mutu ngati zikuwawa.

Zimenezo ndikanapirira. Koma awatulutsa Ababa kuchipinda pampando wawo wa matayala, n'kuwaika pakona pafupi ndi zenera, bulangete pamiyendo. Ati m'badwo wachisanu. Mafoni ndandanda. Mayi wina wawakoleka mkono m'khosi, tsaya kutsaya. Dovu likutsika pachibwano cha Ababa, palibe woona. Ndapita ndi kansalu. Bambo wina wandiloza, kufunsa kuti ndine yani. Achimwene: "Ameneyo ndi wothandiza wathu."

Mpunga sunatsike.

19 Okutobala, Loweruka

Foni yochokera ku Kyushu. A Urakawa, amene akhala akutikonzera phula la zipatso za mtengo wa haze kuyambira ine ndili pasukulu. Bondo lawakana, mitengo sakweranso. Ana awo ali m'tauni, safuna n'kumva komwe. Zomwe anatumiza mu Ogasiti ndi zomwezo: njerwa za phula zisanu ndi imodzi.

Mabasi awiri adya kale njerwa imodzi ndi theka.

Kachisi wa kumtunda akudikira makandulo ofiira makumi anayi, aatali ngati mkono, a mwambo wokumbukira woyambitsa chipembedzo chawo pa 16 Novembala. Nyumba ino sinaphonyepo, ngakhale nthawi ya nkhondo. Ankatero Ababa. Pafunika njerwa zinayi.

Ndawauza achimwene. Maso ali pafoni. "Phula ndi phula, usandisokose. Ndikonza."

23 Okutobala, Lachitatu

Akonzadi. Matumba atatu oyera kuseri kwa makatoni. Phula la kufakitale, la mafuta. Fungo ngati m'galaja.

Ndawapeza akulisungunula mumphika wanga wachiwiri, akuthiramo utoto kuti lifanane ndi lenileni. "N'za alendo izi. Akafika nayo kwawo amangoika pashelefu, sayatsa." Kapepala kawo kotsatsa kakuti phula la mtengo lokhalokha. Ndawawerengera mokweza. Akuti kuwerenga ndimathatu, nanga ku yunivesite sindinapite bwanji. Ngati sakudziwa kuti m'nyumba muno anatumizidwa ndani, anatsala ndani.

Kenako, ngati akukamba za mvula: ati a kukachisi nawonso tikhoza kuika la kufakitale m'kati, lenileni pamwamba. Ndani angathyole kandulo pamaso pa Buddha kuti aone?

Mwaye wa phula lathu umachoka ndi nthenga. Wa mafuta umamatirira pagolide wa guwa, sumachokanso. Mwana wa m'nyumba muno osadziwa zimenezo. Kapena akudziwa.

Ndawalanda chipande. Chinali chodzaza phula lotentha. Pang'onong'ono n'kanawakhuthulira.

29 Okutobala, Lachiwiri

Njerwa zinayi zili kunsi kwa bedi la Ababa kuyambira Lachinayi. Angasuzumireko ndani? Wosintha zofunda ndi kutaya mkodzo ndi ine.

Lero achimwene azifuna. Kutsegula makabati, kumenyetsa zitseko. Ndati sindipereka. Akwera kuchipinda kwawo, n'kutsika ndi envulopu. Mapepala a shopu, a nyumba, a malo. Dzina la achimwene. Chidindo cha Ababa, chomwe amasainira nacho. Tsiku lake: zaka khumi ndi ziwiri zapitazo. Ababa ali bwinobwino, akuyenda, akundikalipira tsiku ndi tsiku kuti nthambo ya kandulo ndakulunga mothina.

"Sindimafuna kukuonetsa, Fumie. Koma phulalo ndi la shopu, ndipo shopu ndi ine."

Chaka chimenecho ndi chomwe ndinawakana ukwati a Shiraishi kachiwiri. Ankafuna tikakhale ku Hiroshima. Ababa anangoti: nanga mphika?

Ababa ndawasambitsa monga mwa masiku onse. Madzi ofunda bwino, msana, zala za kumapazi. Maso awo kudenga. Amva zonse, makoma a nyumba ino ndi mapepala. Sindinawafunse kanthu. Sindinawalankhule n'komwe.

2 Novembala, Loweruka

Sindinatsike. Masiku atatu osaumba kanthu, tokonzera alendo palibe ngakhale kamodzi.

Basi teni koloko, anthu makumi awiri ndi awiri. Ine m'chipinda chapamwamba, miyendo m'bulangete, kusenda manachesi. Zonse zimamveka. Mawu a achimwene, phwete la alendo, kenako zii. Phula latentha kwambiri, likungoyoyoka panthambo. Wina wapsa chala. A Mieko yakaliyakali ndi madzi oundana.

Kenako a Mieko pamasitepe, monong'ona: "Alamu, chonde. Makandulo akutuluka ngati mbatata." Ndati mbatata ndi chakudya chabwino.

Kenako go, go, go. Ababa, ndi dzanja lawo lamoyo lija, akumenyetsa kapu pampando. Ndi mawu, oyamba kuchokera pa Chaka Chatsopano. Dzina langa. Katatu.

Ndinaimirira. Ndinatsika mpaka sitepe yachitatu. Lero mwalikumbuka dzinalo, pomwe papepala munalemba la wina? Ndabwerera. Nachesi ndalimaliza. Losakoma.

6 Novembala, Lachitatu

Mayi Enomoto, akazi awo a ansembe, anabwera Lolemba kudzafunsa za makandulo. Ndinawauza zonse. Kulira pamaso pa munthu, pamsinkhu wanga uno. Iwo anangoti: "Kuseri kwa khitchini yathu kuli kanyumba kongokhala. Mphika muli nawo?"

Mphika ndi wa shopu, ndipo shopu ndi iwo aja. Ndautengabe. Njerwa zinayi, timitengo ta nsungwi, nthambo, mpeni. Maulendo atatu pawilibala, dzuwa likuswa mtengo, msewu wonse ukuona. Aitane apolisi ngati akufuna.

Ndikugona konkuno. Ababa ndawasiya m'manja mwa mwini nyumba. Ndalemba papepala n'kumata pafiriji: mankhwala, phala lofewa, kuwatembenuza pakatha maola atatu aliwonse, mafuta opaka pazidendene.

Makandulo asanu ndi anayi atha. Kupaka, kuumitsa, kupakanso, mpaka dzanja lidziwe lokha kuti yakwana. Chikhatho chayamba kung'aluka. Kanyumba kozizira, phula likuuma msanga.

Ndaimba kunyumba kawiri. Ndadula asanayankhe.

11 Novembala, Lolemba

Makumi atatu ndi imodzi.

A Mieko abwera ndi supu m'botolo. Maso otupa. Basi ya Loweruka anaibweza, a kampani akufunsa mafunso. Ine ndapitiriza kupaka phula. Kenako akuti Ababa sakudya, tsiku lachitatu tsopano. Phala likungotayikira pachifuwa. Achimwene ayesa kuwanyengerera, ayesa kuwakalipira.

Ndinati ndi nyambo imeneyi, akufuna ndibwerere. Ndinatero ndithu, mokweza. Kenako ndafunsa kuti sipuni akuilowetsa mbali iti.

Kumanja. Mbali yakufa.

Sindinalembe. Zonse ndinalemba, mpaka za zidendene, chimenechi ayi. Dzanja langa limangochita lokha zaka zonsezi, sindinaganize kuti ndi chinthu cholemba. Masiku atatu munthu ali ndi njala.

Ndawaonetsa a Mieko ndi sipuni ya supu pakamwa panga. Kumanzere, pang'onopang'ono, kudikira kholingo ligwedezeke. Atapita ndaononga kandulo imodzi. Yapindika. Ndaisungunulanso.

Sindinapite. Ndikanapita sindikanabwerera kuno.

16 Novembala, Loweruka

Makumi anayi, onse ofiira, onse owongoka. Malawi aatali, akugwedezeka okha popanda mphepo. Ansembe sananene kanthu za makandulo. Ndiye kuti ali bwino.

Mwambo uli pakati, manong'onong'o kukhomo. Achimwene. Ababa ali kumsana. Masitepe a miyala a kachisi uyu ndi makumi asanu ndi atatu, mpando wa matayala sungakwere. Malaya ali nyowe, miyendo ikunjenjemera, chala chomanga bandeji. Awatsitsa pamphasa, n'kuwapukuta pachibwano osauzidwa ndi munthu. Ababa aonda. Maso awo pamalawi mpaka kumapeto. Ine sanandiyang'ane, kapena ndine amene sindinawayang'ane.

Anthu atabalalika achimwene andipeza kukanyumba ndikupala mphika. Aika kathumba ka chidindo cha shopu patebulo. "Lachinayi tipite kuofesi tikasinthe mapepala. Sinditha, Fumie. Mphika sinditha, akuluwa sinditha. Ndi olemera bwanji." Ndati tsiku limodzi lokha mwawanyamula.

Ndinaleka kupala. Kenako iwo: "Koma mabasi a Disembala analipira kale."

Ndinadziwa. Achimwene sapatsa munthu nsomba yopanda mbedza.

17 Novembala, Lamulungu

Chidindo ndatenga. Ndabwerera ndi wilibala yanga.

Ndanena ndili chiimire, jekete osavula. Matumba oyera abwerere komwe anachokera. Ababa satulukanso kukaonetsedwa. Alendo abwere, koma asanu ndi mmodzi pa ulendo, akhale pansi, akulunge nthambo, aone ine ndikuumba. Phula la a Urakawa lotsalalo palibe wolikhudza. Wosafuna abwezeredwe zake. Achimwene azilankhula, poti ndi chomwe amatha, koma zoona zokhazokha. Avomera zonse mwachangu, mpaka ndakayika. Tiona Lachinayi.

Chaka chamawa phula lichokera kuti, sindikudziwa. Mwina ndipite ndekha ku Kyushu ndikaone mitengoyo.

Ababa ndawadyetsa. Mbale yonse. Pomaliza andigwira mkono ndi dzanja lamoyo lija, zolimba, osafuna kusiya. A Mieko pakhomo akupukuta misozi, ati zatha bwino.

Sizinathe. Achimwene anangolandira pepala. Wolemba anali wina. Zaka khumi ndi ziwiri akudziwa, akundiona ndikudzuka kukayatsa moto, akundiona ndikubweza mwamuna wabwino pakhomo, osanena kanthu, pakamwa pali bwinobwino.

Envulopu ili pano. A Mieko atsikira kukhitchini. Ndikulowa kuchipinda kwa Ababa, nditseka chitseko, ndiwaonetsa chidindo chawo papepalapo. Pakamwa pakakanika ayankhe ndi maso. Ndikhala pomwepo mpaka andiyankhe.