Gudumu la Kumbuyo

Lachiwiri, 8 Julayi

Ndinali kusankha mtedza pakhonde pamene foni inalira. Tryness, mwana wa mlongo wawo wa amuna anga. Sanapereke ndi moni womwe. "Amayi, amalume awapeza m'mbali mwa msewu, kufupi ndi Mkaika. Sakupuma."

Ndinafunsa za njinga. Zaka makumi anayi ndi chimodzi m'banja, funso langa loyamba: nanga njinga?

A Elijah, amuna angawo, anachoka m'mawa panjinga atavala jekete la kutchalitchi. Amakakhazika pansi anyamata a zipani ziwiri, chisankho cha khansala chisanafike pa 17. Kuno zipani sitizitchula maina. Timati a pamsika ndi a pachigayo, malinga ndi pomwe amasonkhana. Sabata yatha anagendana mpaka mtsikana wodutsa kuguluka dzino.

Lachitatu, 9 Julayi

M'siwa. Kope lolembamo izi ndabisa m'chitenje, amayi a mvano akuyesa ndikuwerenga nyimbo.

Julius, mchimwene wake wa Tryness, ndiye mkulu wa anyamata a pamsika. Wabwera ndi tenti pa lole ya chipani. Anagwada pakhomo. "Amayi, tikuwadziwa achita izi. Stanley ndiye anatsala nawo pomaliza."

Stanley ndi mkulu wa a pachigayo. Ndinamuphunzitsa giredi 5, mwana wamanyazi, wolemba ndi dzanja lamanzere. Nayenso wabwera, wabweretsa bokosi. Sanandiyang'ane m'maso ngakhale kamodzi. Chisoni kapena mantha? Sindikudziwa.

Koma china ichi. Apolisi anafunsa ngati abale akufuna kuti dokotala aone mtembo. Amene anakana ndi Julius, m'malo mwa banja lonse. Akuti, "Amalume sang'ambidwa ngati mbuzi." Munthu wofuula kuti apha, akukaniranji kuti aone chomwe chapha? Papepala alemba kuthamanga magazi. N'zoona a E. anali nako, ndipo mapiritsi ankamwa akakumbukira.

Lachinayi, 10 Julayi

Tryness wabweretsa njinga, podzera kuseri. Kutsogolo kuli bwinobwino, belu likulira. Gudumu la kumbuyo lapindika ngati nambala 8.

Munthu akakomoka panjinga amagwera chammbali. Gudumu la kumbuyo silipindika lokha.

Ndamuuza kuti ailowetse kuchipinda, aifunditse mphasa, asauze munthu.

Tsopano maso anga akundichititsa manyazi. Lole ya Julius ili ndi nyale imodzi yosweka. Inali yosweka kale? Vani ya a pachigayo sinaonekenso chichokere Lachiwiri. Komanso mwezi uno malole a thonje amathamanga mumsewu uja ngati alibe mabuleki. Aliyense wodzandigwira dzanja, ndikumuyang'ana nsapato, ndikumumvetsera mpweya.

Masana ndamva anyamata kuseri kwa khitchini: "Mawa tikangokwirira, chigayo chiyaka." Wina anaseka. M'kachipinda ka kuseri kwa chigayocho mumagona Dorica, wogaitsa, ndi ana ake atatu.

Mawa wolankhulira banja pamanda ndi Julius, poti ndiye mwana wamkulu wa mlongo wa a E. Mkazi wamasiye salankhula. Ndaphunzitsa zaka makumi atatu, mawa ndikhala chete pamphasa.

Lachisanu, 11 Julayi

Tawaika.

Ndilembe za a Paulo ndisanaiwale. Ndiwo akulu a adzukulu kuno, osambitsa mitembo ya amuna ndi kukumba manda. Pamaliro adzukulu amanena chilichonse, palibe wowaletsa. Potulutsa bokosi anandiponyera mawu: "Aphunzitsi, mumawadyetsa chiyani amuna anu? Akulemera ngati feteleza wonyowa!" Anthu anaseka m'misozi.

Kumanda anyamata anaima mbali ziwiri, malaya a zipani ali mbuu. Ena manja m'matumba, matumba olemera. A Paulo anakhala pamulu wa dothi, khasu pamiyendo.

"Manda ano ndi athu adzukulu. Wovala nkhope ya munthu wina pachifuwa sayandikira. Womwalirayu asokonezeka, aziti ndani uyu, sindinamuone pamudzi. Tembenuzani malaya, apo ayi bokosi ligona panja, mulilondere nokha."

Anatembenuza. Mbali zonse, misoko panja ngati ana ovala okha.

Julius atatulutsa pepala lake, a Paulo anamudula. "Dikira, mwana wa eni maliro. Wasambitsa ndine. Kuyambira kumutu mpaka kuchala chaching'ono. Palibe bala. Chilipo ndi chipsera cha njoka chakalekale, ndi mimba ya mtedza wa aphunzitsi. Amene akuti panali bala abwere pano, atiuze kuti tinasambitsa limodzi nthawi yanji."

Julius anapinda pepala, nathokoza mpingo ndi onse obwera, basi.

Kenaka a Paulo anapatsa Julius fosholo, ina Stanley. "Kwirirani. Mphamvu zogendera anzanu muli nazo."

Ndinapuma. Ndinawakhulupirira. Pafupifupi.

Loweruka, 12 Julayi

Chigayo chikulira. Dorica wanditumizira ufa.

Lolemba, 14 Julayi

Tameta dzulo, abale ambiri abalalika. Ndaitana a Paulo kuti adzatenge nkhuku ya adzukulu. Atabwera ndinawalowetsa kuchipinda, ndikuvundukula mphasa.

Anayang'ana gudumu nthawi yaitali. Nthabwala panalibe.

"Msana wonse unali wakuda," anatero. "Nthiti ziwiri."

Ndinakhala pabedi. Ndinafunsa kuti ndani.

"Msana sulemba nambala ya galimoto, aphunzitsi."

"Munanama pamanda, pamaso pa Mulungu."

"Ee, ndinanama."

Ndimadziwa kuti a Paulo anabwera kuchokera ku Mozambiki nthawi ya nkhondo, wapansi, podzera ku Vubwi, ndipo a E. anawadulira munda kudambo pamene ena ankati othawa abweretsa mfuti. Chimene sindimadziwa ndi ichi. Akuti kwawo nkhondo inali kutali, ankangoimva. Tsiku lina anapeza munthu atafa panjira. Mdzukulu wosambitsa ananena pamanda zomwe anaona. Abale anakatentha nyumba ya yemwe ankamuganizira, uyo anakaitana asilikali a kuthengo. "Mwezi usanathe, okumba tinasowa. Mdzukuluyo anali bambo anga."

Ndinakwiyabe. Ndikadali wokwiya. Mwamuna wanga anagundidwa n'kusiyidwa m'fumbi, ndipo mudzi wonse ukuti anaiwala mapiritsi.

Potuluka anati, "Tchimolo ndi langa, musalisenze. Koma njinga ndi yanu. Muchite nayo zomwe mungathe kugona nazo."

Lachitatu, 16 Julayi

Ndatsitsa mabuku anga a mbiri, amene ndinkaphunzitsira ndi ena. Mtendere m'menemo umabwera ndi anthu a masuti, cholembera m'manja, tsiku ndi chaka. Ndafunafuna tsamba lomwe a E. angakwanemo. Kapena a Paulo, ndi bodza lawo. Ndabweza mabuku pashelefu.

Stanley wadutsa pamsewu, wavula chipewa, sanapatuke.

Lachinayi, 17 Julayi

Avota. Ine sindinatuluke. Tryness akuti pamzere a pamsika ndi a pachigayo amabwerekana ambulera. Palibe mwala waponyedwa.

Lachisanu, 18 Julayi

Julius wabwera m'mawa, wopanda malaya a chipani. Wakhala pansi mwaulemu, wafunsa za thupi langa, kenaka: "Amayi, njinga ya amalume ija, ndiitenge ndikakonzetse."

Ndani wamuuza kuti ndi yofunika kukonza? Mwina Tryness. Mwina anaiona pamsewu tsiku lija, monga anaionera ena. Mwina.

Njinga ndi yake, mwambo ukutero: katundu wa malume amapita kwa mwana wa mlongo. Ndinamuuza adikire. Ndinalowa kuchipinda, ndikutenga sipanala ya a E. m'chitini, ndikumasula gudumu la kumbuyo. Nati imodzi inandivuta, ndadzicheka chala. Ndinamutulutsira njinga ya gudumu limodzi.

Anaiyang'ana, nandiyang'ana.

"Linalo lili kuti, amayi?"

"Lili ndi ine."

Sanafunsenso. Anaisenza paphewa, natsika nayo kunjira osacheuka.

Chigayo chikulira. Jekete la kutchalitchi lili pa msomali. Pansi pa bedi, mbali yomwe ankagona a Elijah, pali gudumu lopindika.