Asiyatu wabwerera pa desiki yake

Amayi anga, kumeneko mukukhala bwanji? Ndine Mariamu wanu. Ndikulemba ndili mu ofesi, ana aweruka kale, koma thupi likukana kukhazikika. Ndanyamuka kangapo kukayang'ana ngati holo yasesedwa, pomwe ndinaisesetsa ndekha m'mawa. Mukanandiona mukanafunsa ngati pampando pali minga. Ndiye ndati ndilankhule ndi inu, mwina mtima ukhala pansi.

Ndiyambe ndi za kumudzi, popeza munkadana ndi munthu wofikira pa nkhani asanapereke moni. Ku Liwaladzi onse ali bwino. Mpunga unachita bwino kumunda wakumtunda, koma wakumunsi uja nyanja inaulanda, moti pamene munkabzala mbatata ana akuwedzapo nsomba. Achimwene Jafali anasintha malata a chipinda chanu. Zaka zonse zija munkadandaula kuti pakudontha iwo ali phee, lero mwapita ndiye denga lili gwa. Sadaka yanu inayenda bwino, ndipo anzanu ogulitsa usipa anabwera onse. Anakhala pansi pa mango aja n'kumakusimbani mpaka tinaseka ngati si pamaliro.

Asiyatu, mdzukulu wanu amene munamulera chimwalirireni mng'ono wanga Hawa, anachira bwinobwino. Munatisiya ali ndi pakati. Simunanene kanthu, koma ndikudziwa kuti munkadziwa, chifukwa munasiya kumutuma kumjigo. Kunabadwa mwana wamkazi ndipo tinamupatsa dzina lanu. Patuma wamng'onoyu wayamba kukwawa, amakoka chilichonse, ndipo timalephera kumukalipira, nanga munthu ungakalipire dzina la mayi ako? Bambo ake, mnyamata wodula nzimbe uja, anabwerera kwawo nyengo yodula itatha. Foni yake mpaka lero siipezeka.

Tsopano ndifike pa chimene chikundiyendetsa uku ndi uku. Mukukumbukira kuti ife ahedi a sukulu za atsikana tili ndi bungwe lathu, lija munkalitcha msonkhano wa azimayi a nsapato zogogoda. Timakumana teremu iliyonse, ulendo uno pasukulu iyi, ulendo wina pa ina. Eni sukulu zomwe si zaboma nawonso ali ndi lawo, ndipo abwana anga, Bambo Mbewe, eni sukulu ino, ali m'komiti yake. Mabungwe awiriwa anagwirizana chinthu chimodzi chimene timachitcha kusinthana. Mtsikana akachira n'kufuna kubwerera kusukulu, sabwerera pomwe anali. Timamupezera malo pasukulu ina yogonera komweko, kutali, kumene palibe womudziwa, ndipo sukulu imeneyo ikadzakhala ndi wake timamulandira ife. Mwana wake amatsala kumudzi.

Sindikufuna muganize kuti ndi nkhanza, Amayi. Njira imeneyi yapulumutsa atsikana ambiri. Pano ndinalandirapo wina wochokera ku Ntchisi, anafika atazyolika, palibe anamufunsa kanthu, lero akuphunzira unamwino. Mtsikana amapeza mpata woyambiranso popanda zala zomuloza. Makolo olipira fizi amakhutira kuti ana awo sakhala benchi imodzi ndi mayi woyamwitsa. Eni sukulu nawo amagona tulo. Ineyo pamsonkhano ndinakweza dzanja ndi mtima wonse, ndipo ndikanati ndifunsidwenso za mtsikana wa ku Ntchisi uja ndikanalikwezanso.

Mwezi watha anandiimbira Mayi Chirwa, apampando a bungwe lathu, ahedi a sukulu ina cha ku Dwangwa. Ndi mayi wabwino, anabwera pamaliro anu n'kugona pamphasa ngati wachibale. Anati, "Madamu, nkhani yabwino. Malo a mwana wanu apezeka ku Ntchisi. Kakhandako muwasiyire agogo, monga timachitira." Anali ataiwala kuti agogowo ndinu, amene tinakuikani m'manda. Iwo anazindikira okha, n'kuyamba kupepesa. Apo m'pamene ndinaona kuti pangano lathu lonse lija linakhala pamsana pa amayi ngati inu. Ife tinkasinthana atsikana pamapepala, koma obereka ana awo anali agogo kumudzi.

Ndinati palibe kanthu, agogo atsala ndine. Nyumba yanga ili kuseri kwa sukulu, ndipo Nabanda, mayi wotiphikira uja, anavomera kumamugwira Patuma masana. Ndinamuuza Asiyatu kuti amuletse kuyamwa, apite ku Ntchisi, azidzamuona akatsekera. Anandimvetsera mpaka ndamaliza, maso ali pa mwana. Kenaka anati, "Amayi aakulu, ine amayi anga ndimawadziwira pa chithunzi. Uyu asamandidziwire pa holide." Ndinayesa za manyazi, za anzake omuseka. Anati, "Anzanga anandiona ndi mimba, ena anabwera kudzaona mwana. Ndikabisala kwa ndani? Ngati pano sizitheka, ndipatseni beseni la agogo ndizikagulitsa usipa." Sankaopseza. Anayankhula mwa inu, mofatsa, nkhani itatha kale mumtima.

Mwana ameneyu ndi wanzeru, mukudziwa. Masamu amawathyola ngati nkhuni zouma. Kumuganizira ali kudoko ndi beseni pamutu, Fomu 3 itathera panjira, kunandikanika. Ndiye Lolemba lapitali ndinamulowetsa m'kalasi mwake momwe muja. Siketi ndinaikulitsa ndekha pa makina anu. Atalowa, kalasi yonse inatembenuka kumuyang'ana. Kenaka mtsikana wina wa ku Kanyenda anachotsa chikwama pa desiki ya pawindo, imene inali ya Asiyatu kale, n'kumusunthira. Belu la buleki likalira amathamangira kunyumba kukayamwitsa, n'kubwerera akupukuta m'manja. Sanachedwepo.

Koma mudzi suchedwa kumva. Lachiwiri kunabwera bambo wina, wogwira ntchito kufakitale ya shuga, kudzafunsa ngati pano tatsegula sikelo ya ana. Ndinamupatsa mpando, anakana. Dzulo Bambo Mbewe anandiitana pansi pa mtengo, poopa kuti mu ofesi makoma amva. Anati, "Madamu, ndikudziwa kuti boma limalola mtsikana kubwerera. Koma sukulu ino si yaboma. Makolo akachotsa ana awo, ine ndi inu tidya choko?" Sindinaseke ngakhale zinali zoseketsa, chifukwa sankanama. Aphunzitsi anga amadya kuchokera m'matumba a makolo omwewo.

Chovuta n'chakuti msonkhano wa bungwe ulendo uno uli pasukulu pano, mawa Lachisanu. Mwambo wathu ndi woti tisanakhale pansi, mwini malo amayendetsa alendo m'makalasi monse, ana n'kuimirira kupereka moni. Mayi Chirwa akuganizabe kuti Asiyatu akukonzekera za ku Ntchisi, ndipo nkhope yake akuidziwa bwino. Bambo Mbewe ndiye anabwera ndi nzeru. Anati, "Lachisanu lokha akhale kunyumba ndi kamwanako, atseke chitseko. Alendo akapita tidzaona." Anandikumbutsanso kuti sukulu yophwanya pangano anzake amasiya kuilandirira atsikana, ndiponso kuti hedi savuta kumupeza wina. Sanatero ndendende, koma ndinamva.

Chimene chikundiwawa kwambiri si ntchito. Ndi mawu amene anzanga anganene, akuti a Mariamu ana a eni ake amawatumiza kutali, koma wawo amusunga pakhonde. Ndikawayankha chiyani? Inu munkati wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko, ndipo n'zoona, ndatsekula chifukwa zandipweteka ine. Koma chitseko chikatseguka sadutsa mmodzi. Ndikuganiza za atsikana ena aja amene tinawapezera malo koma sanapite, ife n'kumati alibe chidwi ndi sukulu. Mwina analibe agogo. Mwina ananena mawu ngati a Asiyatu, koma panalibe mayi wamkulu wokhala ndi makiyi a kalasi.

Dzulo madzulo ndinapitadi kukamuuza Asiyatu kuti Lachisanu asabwere. Ndinali nditakonza mawu onse panjira, akuti ndi tsiku limodzi lokha, akuti kuona maso a nkhono n'kudekha. Ndinamupeza akusita bulauzi yoyera ija. Anali atasokerera tinsalu mkati, pachifuwa, kuti mkaka usamaonekere m'kalasi. Palibe anamuphunzitsa zimenezo. Patuma anali pamphasa akuluma chivindikiro cha cholembera. Asiyatu anandifunsa ngati alendo adzalowenso mu Fomu 3, chifukwa anzake amusankha kuti ndiye adzalembe tsiku pa bolodi, poti ali ndi dzanja labwino. Ndinayang'ana tinsalu tija, mawu onse n'kuthawa. Ndinangofunsa ngati mchere ulipo m'nyumba.

Lero tsiku lonse ndakhala ndikukuonani muli pamsika. Anzanu ankaika usipa waukulu pamwamba, wophwanyika pansi, monga amachitira onse. Inu munkakhuthula beseni lonse pachiguduli pamaso pa wogula. Ndili mwana zinkandinyansa, chifukwa ena ankatembenuka n'kupita. Munkangoti, "Aone zonse. Akakana, akane ataona." Masiku ena tinkabwerera ndi usipa kunyumba, sindikuiwala, ndipo sindikudzinamiza kuti mawa zikhala zosiyana. Mwina anzanga akana. Mwina Mayi Chirwa akhumudwa kuti anavutikira malo pachabe ndipo sindinawauze msanga, ndipo pamenepo ndiyenera kuwapepesa pamaso pa onse.

Komabe ndaganiza chochita, ndipo ndikukuuzani inu poyamba kuti ndisabwerere m'mbuyo. Sindikapempha kuti pangano lithe, chifukwa alipo amene limawathandiza. Ndikapempha kuti tizimufunsa mtsikana mwini wake, wofuna kupita kutali apite, wofuna desiki yake abwerere, akhale wanga kapena wa msodzi wa ku Ngala. Ndawauza Bambo Mbewe masana ano kuti chitseko cha kunyumba kwanga mawa chikhala chotsegula. Anavula magalasi, n'kuwapukuta nthawi yaitali basi. Mpaka pano sindikudziwa ngati kumeneko kunali kuvomera kapena kuyamba kuganiza za hedi wina.

Ndili ndi mantha, Amayi, sindibisa. Ndikanakonda mukanakhala pakhonde paja mawa, ngakhale osanena kanthu, kungosenda chinangwa chanu.

Nabanda mawa akhala pamoto kuphikira alendo, ndiye Patuma alibe womugwira. Ndatulutsa chitenje chanu chobiriwira chija, chimene munkaberekera Asiyatu, ndachichapa, chili pachingwe. Magalimoto akamafika ndikaima pageti ndi nsapato zanga zogogoda, Patuma ali kumbuyo. Akandifunsa kuti mwanayu ndi wa yani, ndiwauza kuti tiyeni ku Fomu 3, mayi ake akulemba tsiku pa bolodi.

Pumulani bwino, ndipo mumupatse moni Hawa. Mumuuze kuti mwana wake alemba mayeso a Fomu 4, ndipo usiku uliwonse azigona pambali pa mwana wake. Ndikulonjeza zimenezi kwa nonse awiri, kaya Lolemba ndidzakhala ndikadali ndi makiyi a ofesi ino kaya ayi.

Ndimakukondani, ndipo ndakusowani kwambiri.

Mwana wanu,
Mariamu