Zaka Zitatu Ndili Akitingi

Okondedwa Achimwene,

Ndikhulupirira muli bwino ku Joniko. Kuno ku Kawale tikudzuka, kupatula alamu anu amene fumbi lawapatsa chifuwa.

Ndikulengeza mwaulemu kuti mng'ono wanu wakwanitsa zaka zitatu ali akitingi manijala. Poti munachoka mawuwa asanalowe m'banja mwathu, ndikumasulireni. Akitingi ndi munthu amene amakhala pampando wa bwana, kusunga makiyi a bwana, kukalipiridwa m'malo mwa bwana, koma kalata yomutsimikizira udindowo nthawi zonse imakhala "ikubwera".

Mwezi watha ndinapempha masiku atatu kuti ndikakhale nawo pamwambo wa chiliza cha abambo ku Thyolo. Mayi woyang'anira antchito anamwetulira bwinobwino. "Pitani ndithu, bambo, tchuthi ndi ufulu wanu. Kungoti mpando sukhala wopanda munthu. Tiika wina akhale akitingi, ndiye mukabwera tidzaona."

Ine, ndi digiri yanga yonse, ndinapinda fomu yanga yopemphera tchuthi n'kuiika m'thumba.

Mulungu akusungeni, Achimwene, ndipo chonde amayi musawauze zimenezi. Ndinawatumizira uthenga woti ndagona ndi malungo, ndipo mpaka lero akundipempherera kuti ndichire.

Ndine mng'ono wanu,
Dalitso