Khoma la chipinda cha Lanxin

Lachinayi

Lanxin 12:40
bambo zoona block 6 mukugwetsa mawa?? paja munati mwezi wamawa

Bambo 12:58
abwana asintha. mawa 7 koloko

Lanxin 12:59
filimu yanga yonse ikuthera pa nyumba imeneyo. ndinabadwiramo ine. ikagwa kamera kulibe ndiye chaka chonse ndagwira yakalavula gaga pachabe

Lanxin 13:00
plz apempheni adikire masiku awiri

Bambo 13:31
ine ndimayendetsa katapila, sindine meya. anzako ali pa ntchito ku Shenzhen iwe uli kalikiliki kujambula mabwinja

Lanxin walowetsa Yaoting

Yaoting 14:05
moni amalume Qiao, ine ndi wa kamera. mawa titha kubwera, vuto ndi fumbi. likabwera kwa ife sitiona kanthu, ndipo nyumba siigwa kawiri

Lanxin 15:12
bambo?

Bambo 16:20
🎤 0:31
Mnyamata iwe, kamera yakoyo usaike kumsewu. Mphepo ya m'mawa imachokera kumtsinje, fumbi lonse lithera kumsewuko. Kwera padenga la fakitale yakale ya nsalu. Ndiyamba ndi khoma lakutsogolo, pang'onopang'ono, chipinda cha Lanxin chionekere kaye. Ndiwerenga mpaka khumi, kenako ndigwetsa zonse. Zaka 14 ndili pa ntchitoyi, musandiphunzitse.

Yaoting 16:23
eee Lanxin, director weniweni ndi bambo akowa 😂

Lanxin 16:24
zkm bambo!!

Lachisanu

Lanxin 06:52
tili padenga. kukuziziratu, mwavala jekete?

Yaoting 07:19
TAJAMBULA!! khoma lachoka ngati akusenda nthochi. chipinda chonse poyera, fumbi kumsewu ngati mmene ananenera. amalume dzanja lanu ndi lina 🙏

Lanxin 07:22
koma khumi ija simunawerenge. mwaima mphindi ziwiri zathunthu injini ili chizimire. ine misozi mbwembwembwe, Yaoting nayenso, koma akunamizira mphepo

Lanxin 07:48
abwana akukalipirani?

Lanxin 08:30
bambo yankhani chonde

Lanxin 09:55
ndaimba kanayi

Bambo 11:02
ndili bwino. abwana akalipa, zatha

Bambo 11:09
pakhoma lamkati pali mizere ya inki imene amako ankalemba pokuyeza msinkhu. inali ikadalipo yonse

Lanxin 11:10
kamera yaiona

Bambo 11:26
mphindi ziwirizo usadule