Kanema wosalankhula wa a Alufeo

Lolemba, 10 Juni

Iwe amene watsegula kope langa, tseka. Ngati sutseka, werenga mpaka kumapeto, undiuze pamene ndalakwa.

Sipika ya a Alufeo yapsa. Ndiye m'nyumba yawo ya vidiyo kuseri kwa msika akuonetsa kanema wakalekale wopanda mawu. Ndinalowamo pothawa mphepo basi. M'kanemamo mwamuna akufuna mkazi, koma m'malo monena akugwa pamakwerero, ndowa ya penti kumutu. Mawu akumalemba pachikwangwani. Anthu kuseka mpaka misozi. Ine ayi. Mwamuna wotereyu ndikumudziwa. Chaka chachitatu chino a Alufeo akugula mbatatesi kwa ine ndekha, mawu ndi "zikomo" yekha.

Lachiwiri, 11 Juni

Achimwene aimba foni. Akuti mwezi ukatha ndibwerere ku Kaphuka ndizikalima, malo ogulitsira ndimusiyire mnzanga Anastazia. Chondisunga pa Linthipe n'chiyani? Munthu wosalankhula?

Lachinayi, 13 Juni

Ndinapitanso. Mphepo yomweyo. Potuluka ndinawauza a Alufeo maso ndi maso kuti kanemayu ngwopusa, munthu Mulungu anamupatsa pakamwa. Anavula chipewa, chinagwa, poweramira anagunda mutu pachitseko. Ndinaseka. Ndakwiya kuti ndinaseka.

Lachisanu, 14 Juni

Anastazia wakawauza a Alufeo za ku Kaphuka. Anamutuma ndani?

Loweruka, 15 Juni

M'mawa nkhungu isanachoke, ndangoyala ndowa zanga m'mbali mwa msewu, ndikuona njinga ikutsetsereka. A Alufeo, jekete la ku Misa, manja onse awiri atanyamula katoni m'mwamba. Anastazia anangofunsa kuti nanga handulo wagwira ndani.

Palibe.

Ndowa zinayi pansi. Mbatatesi kugubuduka mpaka patala, minibasi kuima, apaulendo kuwomba m'manja pamawindo. Iwo atakhala pakati pa mbatatesi, katoni akadaigwira, koma chozondoka. Ine kuwerenga ndinadziphunzitsa ndekha pamatumba a feteleza, ndipo thumba silisankha kogonera. Analemba ndi khala: A KETTIE MUSAPITE. NDIKUFUNA BANJA.

Msika wonse kudikira ine.

Ndinati, "Ndawerenga, bambo. Tsopano tolani mbatatesi zanga, imodziimodzi, ndi zija zalowa m'ngalande. Mawa Misa ikatha mupite ku Kaphuka kwa atsibweni anga. Katoniyo muisiye kuno, njinganso. Mukanene ndi pakamwa."