Madzulo a Zipewa

Nieuwpoort
19 Novembala 2017

Okondedwa achimwene Omer,

Ndikhulupirira kalatayi ikupezani muli bwino pamodzi ndi alamu anga a Rita ndi ana onse kumeneko ku Canada. Kuno tilipo, mwa apo ndi apo. Mphepo ya kunyanja yayamba kale kulowa m'mafupa, ndipo bondo langa lija limadziwa za mvula kuposa a zanyengo. Ndasankha kulemba chifukwa pa foni mumandidula mawu. Ndikangotchula dzina la Godelieve, inu mumayamba kufunsa mtengo wa nsomba, ngati mukufuna kugula. Pepala simungalidule mawu, ndiye chonde muwerenge mpaka kumapeto.

Mlongo wanu akudwala. Si matenda ogoneka munthu ayi. Amadya bwino, amayenda mpaka kudoko, tsitsi amalikonzabe ngati akukaonekera pa kanema. Chimene chikumuthera ndi mawu. Zinayamba chaka chatha, supuni n'kumaitcha "chakuti", ine n'kumanditcha "mayi uja". Dokotala wa ku Brugge anatiuza kuti matendawa amayamba kudya mawu amene munthu anaphunzira atakula, n'kumabwerera m'mbuyo mpaka a paubwana, kenako n'kumaliza nawonso. Nditamufunsa kuti zitenga nthawi yaitali bwanji, anayang'ana pawindo n'kunena kuti amene ali ndi zoti amuuze asadikire kuti kuzizira kuthe. Nyumba yake ya ku Brussels tinagulitsa, ndipo tsopano akukhala ndi ine pamwamba pa sitolo yathu yakale ya nsomba, m'chipinda chimene chinali chanu.

Ndikudziwa zimene mukunena mumtima, kuti inu muli ndi mlongo mmodzi. Munanena nokha mawu amenewo, ndipo ine amene munandisiya pa udindowo sindinasangalale nawo n'kamodzi komwe.

Mukumbukira tsiku limene anayamba ntchito yolengeza mapulogalamu pa kanema? Msewu wonse unadzaza m'bala ya a Zulma, bambo atakhala kutsogolo ndi chipewa chawo cha kunyanja chija. Godelieve wathu anatulukira pa kanemapo atawala ngati si wa m'nyumba yonunkha nsomba. Anatsegula pakamwa kuti apereke moni ku dziko lonse, mantha n'kumugwira, lilime n'kuthawira kwawo. Ife a kunyanja kuno g satituluka, amatuluka h. Ndiye m'malo moti goedenavond, madzulo abwino, iye anati hoedenavond, madzulo a zipewa.

"A Kamiel, mwamva?" anatero a Zulma. "Mwana wanu akuti tonse tivale zipewa."

"Ine ndavala kale," anayankha bambo. "Osamverawo ndinu."

Tinaseka mpaka misozi, ndipo kunali kuseka kwa chikondi. Koma ku Brussels anaseka kwina. Manyuzipepala anamutcha Mtsikana wa Zipewa, ndipo m'basi anthu ankamuvulira zipewa momunyogodola. Atabwera kudzacheza anali atasintha. Ngakhale kupempha mchere patebulo ankapempha ngati akuwerenga nkhani. Mayi ankamuuza kuti, "Iwe, muno mulibe kamera, tayankhula ngati munthu." Iye ankangomwetulira. Ine ndinkati wayamba matama, ndipo ndikudziwa kuti inunso munkatero.

Zaka zonse zija ankapereka moni madzulo alionse, ndipo potseka ankatsanzika amene ali panyanja, amene ali m'chipatala, ndi amene ali okha. Bambo sankaphonya, ngakhale ankanamizira kuti akudikira mpira. Kenako anamwalira, inu munabwera ku maliro, ndipo Godelieve anaima m'tchalitchi n'kuyankhula za bambo m'chilankhulo chosalala cha pa kanema. Asodzi anzawo anangoweramitsa mitu ngati akumvera bwanamkubwa. Pakhomo la tchalitchi munamuuza kuti, "Mayi wa pa kanema, bambo mwawaika m'manda m'chilankhulo chimene sankayankhula." Kenako munanena zija za mlongo mmodzi, n'kukakwera ndege. 

Zimene zinatsatira simunazione, ndiye ndikuuzeni. Patapita zaka zingapo mabwana ake anamuitana n'kumuuza mwaulemu kwambiri kuti nkhope yake yatopa. Pampando wake anaikapo mtsikana wa msinkhu wa mwana wanga. Anatha chaka ali m'nyumba, makatani otseka. Akapita kukagula buledi anthu ankamufunsa kuti, "Kodi si inu munali uja?" Ankandiuza kuti mawu oti "munali" amenewo ndi amene ankamubaya. Sanakwatiwe, mwana analibe, ndiye usiku ndi usana zinali chimodzimodzi. Ine ndinkaopa kuimbiridwa foni ndi apolisi.

Chimene chinamudzutsa ndi kulemba. Anayamba ndi tinkhani ta adzukulu anga, kenako mabuku enieni a ana. Ankayenda m'masukulu dziko lonse ndi chikwama cha mabuku, ndipo ana amene sanamuonepo pa kanema ankamukonda popanda kudziwa kuti anali uja. Buku limene linatchuka kwambiri analitcha Madzulo a Zipewa. Anakutumizirani, inu n'kulibweza osatsegula. Poti simunaliwerenge, ndikufotokozereni. Ndi nkhani ya mudzi wa asodzi umene wolengeza uthenga wake analakwitsa moni, ndipo kuyambira pamenepo anthu onse ankavala zipewa dzuwa likamalowa, ngakhale amphaka ndi wansembe yemwe. Koma chipewa chimodzi chinkatsala pa msomali, chifukwa mwini wake anali atawoloka nyanja. Bukulo limatha chipewacho chili pomwepo. Osindikiza anamupempha kuti asinthe mathero, ati ana sakonda zachisoni, koma iye anakana.

Tsopano ndifike pa chimene chandilembetsa. Sabata yatha aphunzitsi ena achitsikana, a Annelies, a pa sukulu ya kuno, anabwera kudzapempha kuti Godelieve akawerengere ana bukulo. Ine ndinakana, ndinati mayiwa sali bwino. Koma iye anamva ali pa masitepe, ndipo m'mawa mwake ndinamupeza atavala kale suti yake yabuluu, milomo atapaka, akundidikira pakhomo. Ndikanatani? Tinapita.

Anakhala pa kampando kutsogolo kwa ana, n'kutsegula buku. Ndinaona chala chake chikuyenda pa mzere woyamba, n'kubwerera, n'kuyendanso. Achimwene, munthu amene ankawerengera dziko lonse analephera kuwerenga mawu amene analemba yekha. Ana anayamba kunong'onezana. A Annelies anandiyang'ana, nkhope itafiira. Ine ndinaimirira kuti ndimutenge tizipita.

Iye anatseka bukulo, n'kuyang'ana anawo, n'kunena kuti, "Hoedenavond." Unali m'mawa, ndiye ana anaseka. Kenako anayamba kuyankhula chakwathu chenicheni, cha padoko, cha mayi akamakalipira amphaka. Ndinali ndisanachimve pakamwa pake chichokere ali mtsikana. Ana a masiku ano theka lake sankamva, koma anatchera khutu.

"Ana inu, tamverani," anatero. "Ine ndili ndi achimwene anga, a Omer. Mutu ukulu, makani ngati bulu. Ndiwo anandiphunzitsa kuyankhula bwino. Ankanditengera kuseri kwa milu ya mchenga, botolo la madzi a m'nyanja lili m'manja. Amvekere, chukucha kukhosi, Lieveke, paja ankanditchula choncho, chukucha, g amakhala kukhosiko. Ine kusanza, iwo amvekere, bwerezanso. Ukapanda kumupeza g ameneyu udzafera pa tebulo la nsomba ngati Simonne."

Zikomo kwambiri, achimwene. Ndazimva nditakalamba, ndili pakati pa ana a eni ake, ndipo pa tebulo la nsombapo ndinakaliradi. Koma si zimenezo zimene zinandikhalitsa pansi. Ine sindinkadziwa kuti chilankhulo chimene munamutukwanira pakhomo la tchalitchi munamumwetsa ndinu, ndi madzi amchere. Kamtsikana kena ka magalasi kanakweza mkono n'kufunsa ngati mwini chipewa chija anabwera kudzatenga. Godelieve anayankha kuti, "Sitima yachedwa, mwanawe." Kenako mawu anamuthera, anayamba kuti chakuti, chakuti, ndipo a Annelies anauza ana kuti aombe m'manja.

Pobwerera tinadzera kudoko chifukwa amakonda kuona mabwato. Ndinamufunsa chakwathu, pang'onopang'ono, kuti chifukwa chiyani sanabwererenso ku mayankhulidwe athu, ngakhale kunyumba. Anandiyang'ana ngati ndafunsa zopusa.

"Iwe Simonne, a Omer anandiletsa," anatero. "Nditalakwitsa paja anabwera kudzandichingamira ku siteshoni ya sitima. Amvekere, watichititsa manyazi, usadzayerekezenso."

"Nanga pa maliro a bambo?"

"Ndinkafuna chakwathu. Ndinakonzeka ndithu. Koma a Omer anali pa benchi ya kutsogolo." Anaima n'kugwira chitsulo cha m'mphepete mwa doko. "Ndinaopa kuwachititsa manyazi."

Sindikuuzani izi kuti ndikuimbeni mlandu. Munali mnyamata, munkafuna kuti mmodzi mwa ife atuluke m'fungo la nsomba, ndipo anatulukadi. Mwinanso za ku siteshonizo munaiwala kalekale, paja oyankhula amaiwala msanga. Koma ndakwiya, ndipo sindibisa. Ndakwiyira inu, ndakwiyira iye chifukwa chokhala chete zaka zonsezi, ndipo ndadzikwiyira ndekha chifukwa chonyamula moni wa uyu osakafikitsa kwa uyo, poopa mkangano. Tonse atatu takalamba, ndipo nkhani yake ndi ya chilembo chimodzi.

Masiku ano dzuwa likamalowa amakhala pawindo loyang'ana ku msewu, manja atawasanjika bwinobwino, ngati kamera ili patsidya. Amapereka moni wake wa zipewa, kenako amatsanzika amene ali panyanja, amene ali m'chipatala, ndi amene ali okha. Mwezi watha ankawatchula onse atatu. Sabata ino a m'chipatala achokamo. Koma pamapeto amawonjeza mawu amene pa kanema sankanena, akuti "ndi a Omer". Dzina langa limabwera ndi kupita, ndazolowera. Lanu lilipobe, ndipo sindikudziwa kuti likhalapo mpaka liti.

Pali china chimene sindinafune kulemba. Chaka chatsopano chikangolowa, apita ku nyumba yosungirako okalamba ku Veurne. Malo apezeka. Ndinagwa pa masitepe tsiku lina ndikumuthamangira atatuluka ndi zovala zogonera, si zoopsa, musadandaule, koma ana anga akuti basi zakwana. Kumeneko anamwino ambiri ndi ochokera kutali, chakwathu sachimva. Adzakhala akuyankhula chilankhulo chimene chamutsalira kwa anthu amene adzangomugwedezera mutu. Iye sindinamuuze. Ndimati ndimuuze, n'kupezeka ndikumufunsa ngati akufuna khofi wina.

Pempho langa ndi limodzi. Bwerani Khirisimasi isanafike. Musandiuze za matenda anu a mtima, a Rita anandiuza kuti dokotala anakulolani kukwera ndege pamene munkafuna kukaona mdzukulu ku Vancouver. Simukuyenera kupepesa, mawu aatali sawamvanso. Mudzangokhala naye pawindopo n'kumuyankha chakwathu, ngati fodya wa ku Canada sanakuiwalitseni. Ndidzakuphikirani supu ya nsomba ya mayi ija, ndipo mudzagona pa sofa, poti chipinda chanu chili ndi mwini. Chipewa cha bambo chili pa msomali womwe uja kuseri kwa chitseko. Ndinafuna kuchipereka kwa a tchalitchi pamodzi ndi zovala zina, koma Godelieve anachilanda n'kuchibwezera pomwepo, ati chili ndi mwini wake.

Mundiperekere moni kwa alamu anga a Rita, muwauze kuti majuzi aja anafika ndipo akutithandiza. Moni kwa ana anu, kwa Dirk ndi mkazi wake, kwa Marleen, ndi kwa adzukulu onse amene ndimangowaona pa zithunzi. Ana anga akupereka moni. A Zulma anatisiya kale, koma mwana wawo amene akuyendetsa bala ija amakufunsani nthawi zonse, akuti mpando wa bambo ulipo.

Ndisanatseke ndinapita pawindo kukamuuza mlongo wanu kuti ndikulembera a Omer, kodi ndiwauze chiyani. Anatsegula pakamwa, n'kutseka, n'kuyang'ana m'manja mwake ngati mawuwo agwera mmenemo. Ndinadikira mpaka khofi anazizira. Kenako anagwira kukhosi kwake ndi zala ziwiri, anayesa, anayesanso, n'kupukusa mutu.

"Uwauze kuti g uja wandithawa, asakalipe," anatero. "Uwauze kuti hoedenavond."

Ndalemba monga wanenera, ndi h. Chonde musakonze.

Ndine mlongo wanu, mmodzi mwa awiri,
Simonne