Mankhwala a mawondo a amayi

Lachinayi. Ndatopa, koma mtima uli m'malo.

Amayi anandituma kukagula mankhwala a mawondo. Dzina lake anawalembera pakapepala Mayi Phiri, mnzawo wa kuchigwirizano cha amayi kutchalitchi. Ndazungulira Kamwala yense, palibe wogulitsa amene akulidziwa.

Mtsikana wa pafamase ya kuno ku Kabwata ndiye anakana kungoganizira. Anati, "Ba sisi, auzeni amene analembawo atumize chithunzi cha botolo lake."

Chithunzi chitabwera, tinaona mutu wa ng'ombe pabotolopo. Ndi mankhwala ophera nkhupakupa. Kwawo kwa Mayi Phiri ena amadzola m'mawondo. Mtsikanayo akuti amalowa pakhungu, angathe kupha munthu.

Mulungu amudalitse, sindinamufunse ndi dzina lomwe. Tsono amayi ndiwauza bwanji, poti Lamulungu amakhala benchi limodzi ndi Mayi Phiri...